Nsalu ya a Chulu ku Kapata

Bambo anga, a Yotamu Chulu,
sanagulitsepo chinthu chimene anthu ankachifuna.
Ndanena poyambirira
kuti musadzati ndinabisa.

Kuseri kwa msika wa Kapata,
pakati pa wowotcherera mageti ndi mayi wa kapenta,
anali ndi chipinda cha mabenchi asanu ndi anayi
ndi nsalu yoyera imene amayi ankachapa Lolemba lililonse
akung'ung'udza kuti inali ya pabedi la ukwati.

Anzawo ankaonetsa zibakera ndi mfuti.
Iwo ankadikira phukusi ku positi
lochokera kwa Ilse, mzimayi wa ku Ulaya
amene sanagwiranepo naye chanza:
zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri za makalata,
makaseti okulungidwa m'nyuzipepala yosawerengeka.
Iye ankatola mafilimu okanidwa kwawoko,
bambo ankawabweretsa kuno kuti adzakanidwenso.

M'mafilimumo munthu ankasenda mbatata
mpaka mbatata kutha.
Mvula inkagwa pazenera, kamera osachoka.
"Bwezani ndalama, a Chulu!
Amenyana liti?"
Bambo ataima pambali ndi tochi
ankamasulira chinenero chimene sankachidziwa:
"Akuti mwana wake sanalembe kalata chaka chino."
Mayi wina wa ku Mchini,
wake ali ku migodi chaka chachinayi,
sanaseke nawo.
Mawa lake anabwera ndi mnzake.

Chilimwe ankamangirira zonse panjinga,
jenereta kumbuyo, nsalu m'khosi,
ulendo wa ku Chiparamba, ku Mtenguleni,
tsiku lina mpaka ku Chadiza,
kumene anawalipira mtedza ndowa imodzi
ndi tambala wotsimphina.
Pachipata cha Mwami wamsonkho anagwira kaseti milungu itatu
akufufuzamo tchimo.
Pobweza anati, "Mulibe kanthu umu."
Bambo anati, "Ndiye mwaoneranji kawiri?"

Chaka cha njala anagulitsa ng'ombe ziwiri za cholowa
kuti mnyamata wina, Lazaro Miti, ajambule filimu yake:
anyamata a njinga akudikira okwera m'bandakucha,
phiri la Kanjala lili mu nkhungu,
nyimbo yake kulira kwa tcheni basi.
Amayi sanawalankhule mpaka mvula yoyamba.
Ine ndinasiya sukulu temu imodzi,
ndipo zimenezo sindinazikhululuke bwinobwino.

Ilse anakaionetsa mumzinda wozizira.
Anatumiza chithunzi:
mipando yofiira yambirimbiri,
anthu makumi awiri ndi atatu m'majasi.
Bambo anawawerenga ndi chala mmodzimmodzi,
ngati ana a nkhuku madzulo,
nachipachika pamwamba pa kalendala ya tchalitchi.

Kenako mafoni anafika.
Aliyense ndi nsalu yake m'thumba,
mdima wogawana unatha.
Mabenchi anagulidwa ndi mpingo watsopano,
jenereta inapita kwa wometa tsitsi.
Kalata yomaliza inalembedwa ndi mdzukulu wa Ilse,
mizere itatu.
Bambo anaimasulira okha, mokweza,
kwa chipinda chopanda munthu.

Tinawaika mwezi wa Juni, mphepo ikuluma.
Lazaro sanabwere, akujambula maukwati ku Lusaka.
Koma mayi wa ku Mchini uja anabwera ndi ndodo,
nakhala kutsogolo monga kale.

M'sutikesi yawo ndapeza kabuku ka ndalama,
ndalama zake zochepa, mawu ambiri:
"Lachitatu. Anthu anayi.
Mmodzi anagona. Mmodzi analira.
Phindu lilipo."

Nsaluyo ndaichapa lero.
Ndaiyanika pachingwe cha kumsewu,
dzuwa likupendeka chakumadzulo,
ndipo zithunzithunzi za njinga zayamba kudutsapo:
wonyamula makala,
wonyamula mayi ndi mwana kumbuyo,
wina wokankha, tayala litaphwa.
Palibe womenyana.
Madzi a m'beseni azizira, mpunga ukupserera m'nyumba,
ine ndaima pano ndi zopanira zovala m'manja,
ndikudikira ndione mathero ake.